Anazimitsa belu langa, la mwamuna wanga likulirabe

K120. Ndiyo ndalama imene ndinalipira kuti munthu auze mwamuna amene ndinamuthawa kumene ndinabisala ndi mwana wanga. Ndinapereka ndekha, ndi dzanja langa, ndipo potuluka ndinanena zikomo.

Ndikulembera inu a pagulu lino amene mumapita ndi mafoni ndi malaputopu anu pa shopu ya Jay-Jay Magemu, kuseri kwa msika wa Chongwe, pafupi ndi ogulitsa makala. Kumene ndili panopa sindinena. Ku Kanakantapa ndinachokako kale, ndiye kumeneko ndikhoza kukutchula.

Ndinathawa ku Lusaka mu Juni. Zimene bambo a mwana wanga anandichita sindizilemba zonse pano. Dziwani chabe kuti dzino langa lakutsogolo silinagwe lokha, ndipo mwana wanga Taonga, wa zaka zisanu ndi zinayi, anaona ndi maso ake mmene linagwera. Tinatuluka ndi chikwama chimodzi ndi laputopu yanga yakale. Tinapita kwa azakhali anga ku Kanakantapa, mlongo wa malemu bambo anga, amene amalima rapu ndi kabichi. Mwamunayo sanafikeko chikwatirane. Ankadziwa kuti ndili ndi abale kum'mawa, ndipo ndinamva kuti ankandifunafuna ku Petauke. Ndinamusiya azifunafuna kumeneko.

Kwa amene simudziwa za magemu, ndifotokoze pang'ono, chifukwa nkhani yonse yagona apa. Magemu a masiku ano sabwera m'kabokosi. Ukagula amakhala pa intaneti, pamalo amene amati laibulale. Amene analipira ndiye mwini laibulale, ndipo akhoza kulowetsamo a m'banja lake kuti nawonso azisewera. Koma wina akangotsegula gemu, foni ya mwiniyo imalira, uthenga n'kufika wonena kuti uje watsegula gemu yakuti, pa makina akuti. Ifeyo mwini laibulale anali bambo a Taonga. Zimenezi ndinkazidziwa bwino, chifukwa ku Lusaka ankazigwiritsa ntchito ngati mlonda. Mwana akatsegula gemu, iye ali kuntchito ankadziwa kuti tili panyumba. Tsiku likapita foni yake osalira, madzulo ndinkayankha mlandu wa kumene tinapita.

Choncho miyezi iwiri laputopu inakhala yotseka, pansi pa matumba a chimanga. Ndinkaiopa ngati njoka.

Koma mwana anayamba kundiopsa kuposa laputopu. Taonga ali ndi gemu imodzi imene amaikonda, yolima munda. Ali ndi nkhuku zake mmenemo, ng'ombe ziwiri, ndi kanyumba kamene anamanga kwa chaka chathunthu. Chifikire ku Kanakantapa mwanayo anasiya kulankhula. Ukamufunsa amangogwedeza mutu. Chakudya amangochiyang'ana. Azakhali anamupatsa kankhuku kenikeni kamawangamawanga kuti kakhale kake, iye n'kukapatsa dzina la nkhuku ya mu gemu, koma ngakhale dzinalo analinena monong'ona. Tsiku lina azakhali anandiuza kuti mwanayu ndikumusunga thupi lokha, ndimubwezere kamunda kake kaja asanatheretu. Ndinagona nawo mawuwo masiku atatu.

Lachiwiri ndinakwera minibasi. Ndinafunda chitenje kumutu ngati wodwala mano, kuopa kukumana ndi wondidziwa. Ndinafika pa shopu 10:15. Jay-Jay, mwini wake, mnyamata wamkulu ndithu wa ndevu zake, anali pakati pa gemu ya mpira ndi anzake awiri. Anati ndidikire amalize. Anamaliza 11:20.

Ndinamufotokozera katatu, ndipo ndikufuna izi zimveke. Katatu. Ndinati laputopu iyi ili mu laibulale ya mwamuna amene sindikufuna kuti adziwe kumene ndili. Ndinati ndikufuna mwana azisewera popanda uthenga uliwonse kupita ku foni ya bambo ake. Ndinati ngati sizingatheke andiuze, ndibwerera nayo yotseka momwe ndabwerera nayo. Kachitatuko ndinachotsa dzanja pakamwa kuti aone dzino. Anaona. Anayang'ana kumbali, kenako anaseka pang'ono.

"Ba mami, osavutika. Ni kanchito kang'ono chabe aka, manotifikeshoni nimazimya tsiku lililonse."

Anati laputopu ndi yolemera, aiyeretse kaye ndi kuikamo pulogalamu ya magemu mwatsopano. Anailumikiza pa intaneti ya mu shopu. Ndinafunsa ngati si zoopsa kuilumikiza asanazimitse. Anati ndisamuphunzitse ntchito. Ali mkati mogwira anandifunsa kuti kumene ndikukhala netiweki ili bwanji, chifukwa gemu imeneyi imafuna kulowa pa intaneti poyamba. Ndinayankha ngati chitsiru, moona mtima. Ndinati Kanakantapa, kupitirira pa chigayo, ndipo netiweki imagwira ukakwera pa chulu. Ndinkaganiza kuti ndikuyankha katswiri. Kuchipatala dokotala akakufunsa kumene kukupweteka, kodi umabisa?

13:05 anatembenuza laputopu kuti ndione. Pakona panali kachithunzi ka belu, kodulidwa ndi mzere.

"Mwaona? Belu yafa."

Ndinafunsa ngati lafanso ku foni ya bambo a mwana. Anati lafa kulikonse, palibe chimene chidzalira. Ndinafunsanso. Anapumira m'mwamba ngati ndikumuchedwetsa, n'kunena kuti azimayi timavuta. Ndinalipira K120, ndinathokoza, ndinapita.

Masiku asanu ndi anayi otsatira anali abwino, ndipo zimenezo ndi zimene zikundipweteka kwambiri. Masana aliwonse Taonga ankakwera pa chulu ndi laputopu ndi foni ya azakhali yopereka intaneti, kankhuku kake kakutsatira. Tsiku lachiwiri ndinamumva akuseka. Ndinali kutsuka mbale, ndinaima ndi mbale m'manja kumvetsera. Tsiku lachinayi anadya n'kupempha zina. Anayamba kuuza azakhali kuti kabichi wawo ndi waulesi, wa mu gemu amakula masiku atatu. Ine ndinayamba kugona tulo. Akuluakulu sananame, mbuzi ikakondwa amalonda ali pafupi.

Lachinayi la sabata yotsatira, 13:25, foni ya azakhali inalira ili pa chulu pomwepo. Taonga anathamanga nayo kudzawapatsa. Anali mnzawo wa kutchalitchi amene amagulitsa tomato pa msika wa Chongwe. Ndinaona nkhope ya azakhali ikusintha asanalankhule. Mayiyo anati pa msika pafika bambo wa galimoto yoyera, wovala bwino, akuonetsa anthu chithunzi cha mayi ndi mwana pa foni. Anati chithunzicho wachiona, ndi cha ine ndi Taonga. Iye wakana kuti sandidziwa. Koma bamboyo sanazungulire kwambiri, wafunsa chabe kumene kuli shopu ya Jay-Jay, ndipo walowamo.

Sindikudziwa mmene ndinafikira pa chulu. Taonga anali atabwerera kale pa gemu yake, ndipo ndinamulanda laputopu mwankhanza, ndikumukalipira kuti achoke. Mwana amene sindinamukwezerepo mawu chichokere ku Lusaka. Ndinadina pa kabelu kodulidwa kaja, koyamba chichokere pa shopu.

Belu silinafe. Linangomangidwa pakamwa. Mauthenga onse anali momwemo, atasanjikana, akudikira munthu woti awawerenge.

Woyamba unali wa Lachiwiri lija, 12:41, ine ndili pa benchi mu shopu momwemo ndi chitenje kumutu. Unkanena kuti mwini laibulale wadziwitsidwa za makina atsopano. Pansi pake panali dzina la makinawo, zilembo zazikulu: JAY-JAY MAGEMU CHONGWE PA MSIKA. Laputopu yanga, imene kale inkangotchedwa Taonga, munthu anaipatsa dzina la shopu yake, tauni, ndi malo enieni. Anangotsala kujambula mapu.

Pambuyo pake panali ena. Tsiku lililonse mwana akatsegula gemu, mwini laibulale wadziwitsidwa. Ndipo pakati pake panali mauthenga amene bambo ake analemba okha, kulembera mwana. Lachitatu analemba kuti, “Taonga, ni dadi. Muli ku Chongwe?” Loweruka analemba kuti Chongwe ndi pafupi. Lolemba anati auze amake kuti akubwera kudzatitenga. Womaliza unali wa m'mawa womwewo, 08:02, mawu amodzi okha: “Nanyamuka.”

Mwamunayo anatichenjeza yekha, ndi pakamwa pake, masiku asanu ndi atatu. Belu lija likanalira kamodzi kokha ndikanathawa Lachitatu, mwakachetechete, ndi katundu wathu yense. Jay-Jay anatseka makutu anga n'kusiya a mwamunayo otsegula. Ndipo pamene ndinkawerenga sindinazindikire kuti Taonga sanachoke. Anaima kumbuyo kwanga. Mwanayo amawerenga bwino, ndi woyamba m'kalasi mwake.

13:40 ndinaimbira Jay-Jay pa nambala ya pa lisiti. Tinalankhula mphindi zinayi, ndipo ndidzazikumbukira mpaka kumanda.

Ndinafunsa chifukwa chake analemba dzina la shopu pa laputopu yanga. Anati amatero pa makina alionse amene wagwira, ndi njira yake yotsatsira malonda, anthu akaona dzinalo pa magemu amabwera, ndipo palibe amene anadandaulapo. Ndinafunsa chifukwa chake sanandichotse mu laibulale ya mwamunayo. Anati akanandichotsa gemu ikanatsekeka, munda wa mwana ukanapita, ndiye anaona kuti ndibwino angozimitsa belu kuti ndisamavutike ndi mauthenga. Anaona kuti ndibwino. Iyeyo. Nanga si ndinamuuza kuti ngati sizingatheke andiuze? Anati akanandiuza ndikanachoka osagwiritsa ntchito, ndipo tsikulo malonda sanayende.

Kenako ndinafunsa chimene ndinkaopa kufunsa, ngati bamboyo wamuuza kalikonse.

"Ah, ba mami, ni bamuna baulemu maningi baja. Bakamba ati bafuna chabe kuona mwana wao. Manje ine ningakane shani? Ni batate bake."

"Mwabauza chani?"

"Ninabauza chabe ati Kanakantapa, kupitilila pa chigayo. Nyumba siniiziba. Nkhani za m'nyumba ine sinilowelelamo."

Salowerera nkhani za m'nyumba. Munthu amene wangopereka njira. Ndinafunsa kuti bamboyo wachoka nthawi yanji, anati papita mphindi khumi kapena khumi ndi zisanu, ndipo bamboyo anamugulirako chakumwa chozizira.

Amene mumadziwa msewu wa fumbi uja mukudziwa kuti si wautali kwa munthu wa galimoto yake. Ndinayang'ana uku ndi uku. Mu Ogasiti chimanga anakolola kale, minda ili mbee, munthu amaoneka ali kutali. Kunalibe kobisala. Ndikanakhala ndekha mwina ndikanangokhala pansi n'kudikira. Azakhali ndi amene anaganiza m'malo mwanga. Mnansi wawo, a Tembo, anali kukweza kabichi pa kalole kawo. Azakhali anathamangira kumeneko opanda nsapato, mayi wa zaka zopitirira makumi asanu ndi limodzi. Sindikudziwa zimene anawauza. 14:05 ine ndi Taonga tinali titagona pansi pakati pa kabichi, atatifunditsa masaka.

Tisanafike pa chigayo ndinamva galimoto ikubwera kutsogolo. A Tembo anachepetsa liwiro kuti apatukirane, chifukwa msewu ndi wopapatiza. Galimoto inayo nayo inachepetsa. Inadutsa pang'onopang'ono, pafupi kwambiri moti ndinamva nyimbo ya pa wailesi yake, nyimbo ya kwaya imene amaikonda Lachinayi lililonse popita ku mapemphero. Ndinagwira Taonga pakamwa. Sanafunikire kugwidwa, anali atauma gwa. Sindinadzutse mutu. A Tembo anandiuza pambuyo pake kuti inali yoyera.

Mwamunayo anafika kwa azakhali 14:50, atafunsa nyumba zitatu. Azakhali akuti analowa mwaulemu, anagwada popereka moni, akuwatchula apongozi. Anakhala pansi pa mtengo wa mango ola lathunthu. Iwo anati sanationepo chaka chino. Iye sanatsutse. Anangoyang'ana pakhomo pamene panali timapatapata ta Taonga tofiira, timene tinaiwala pothawa. Anatitola, anatipukuta fumbi, n'kunena kuti adzamupatsa yekha mwanayo. Anapita nato.

Nkhaniyi ndinakanena koyenera kukanena, ndipo ikuyenda. Musandilembere kuti ndipite kupolisi, ndinapita. Musandifunse kumene ndili, ngakhale inu amene tinaphunzira limodzi. Ndikamva galimoto ikuima panja ndimasiya chimene ndagwira. Ndili ndi mantha, ndipo sindichita manyazi kunena.

Lachisanu m'mawa Jay-Jay ananditumizira uthenga. Anati wamva kuti sindinakondwe, ndibwere nayo laputopu asinthe dzina, sandilipiritsa. Ndibwere. Pa msika wa Chongwe, pa shopu yomweyo imene mwamunayo akuidziwa tsopano ngati nyumba yake. Kodi Jay-Jay, mudzamuimbira kuti ndafika, kapena mudzadikira akugulireni chakumwa china?

K120 ija sindikuifuna, Jay-Jay, idyeni. Ndikufuna mayankho, pano pagulu pomwe mumatsatsa malonda anu. Ndani anakupatsani chilolezo cholemba dzina la shopu ndi malo ake pa makina a munthu osamufunsa? Ndi makina angati muno mu Chongwe amene akulengeza kumene eni ake amapezeka, eni akewo osadziwa? Munkadziwa kuti kuzimitsa belu kumbali yanga sikuletsa uthenga kupita kwa mwini laibulale, kapena simunkadziwa? Ngati munkadziwa, munandinamiza. Ngati simunkadziwa, mukugulitsa chiyani pa shopu imeneyo? Ndipo mayi akakuonetsani dzino losweka n'kukuuzani katatu kuti akubisala, ndi mawu ati amene simunawamve?

Kwa inu azimayi anzanga, ndi aliyense amene ali ndi chifukwa chosafuna kupezeka, chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe. Zimene ndaphunzira mochedwa ndi izi. Kabelu kodulidwa ndi mzere sikatanthauza kuti mauthenga asiya kuyenda. Katanthauza kuti inuyo mwasiya kuwamva. Ngati gemu ya mwana wanu inagulidwa ndi munthu wina, muli m'nyumba ya munthuyo ngakhale mutasamukira kutali. Tulukani mu laibulale yake kotheratu, mutsegule akaunti yanu ndi imelo yatsopano, ndipo muchite zimenezo makina asanalowe mu gemu. Yang'anani dzina limene makina anu apatsidwa musanachoke pa shopu iliyonse. Belu lanu musalizimitse, ndi lokhalo limene lingakuchenjezeni. Ndipo wokonza makina akakufunsani kumene mumakhala, muuzeni kuti netiweki ili bwino, basi.

Ine ndinachita zimenezo ndekha Loweruka, ndikuwerenga pang'onopang'ono mzere uliwonse. Zinanditengera mphindi makumi awiri. Nditadina kuti tituluke mu laibulale, kompyuta inandifunsa ngati ndikutsimikiza, chifukwa gemu itsekeka. Ndinatsimikiza. Munda wa Taonga unapita, nkhuku zake, ng'ombe ziwiri ndi kanyumba ka chaka chathunthu. Kankhuku kenikeni kaja nako kanatsala ku Kanakantapa.

Ndinkaganiza kuti alira. Ndinakonzeka kumulonjeza kuti ndikapeza ndalama ndidzamugulira gemu yomweyo pa akaunti yathu, ayambirenso. Sanalire. Anati sakuifunanso, ndipo laputopu ndiibwezere m'chikwama. Dzulo masana ndikumuluka tsitsi, anandifunsa osatembenuka.

"Amama, nine ninabaitana badadi, ai? Nikanaleka kusewela sembe sibanabwele."

Ndinamuuza kuti ayi, si iyeyo. Ndamuuza kasanu chichokere dzulo. Amangogwedeza mutu monga ankachitira mu Juni, ndipo lero sanadye.

Inu munatenga ola limodzi ndi mphindi makumi anayi ndi zisanu kukonza laputopu yanga, Jay-Jay. Ndiuzeni kuti izi zitenga nthawi yaitali bwanji.